Mpando wa Bwanamkubwa wa ku Zomba

Pamene Angerezi adakhazikitsa ulamuliro wawo mu 1891, Harry Johnston ankatchedwa Kazembe. Udindo wa Bwanamkubwa udayamba mu 1907, ndipo woyamba kukhala pampandowo adali Alfred Sharpe.

Mphamvu zake zidali zoopsa. Iye ndiye ankatsogolera nyumba ya malamulo, kuvomereza kapena kuchotsa mafumu, ngakhalenso kukhululukira munthu woweruzidwa kuti aphedwe. Mawu ake ankafika ku Chikwawa ndi ku Port Herald, komwe lero ndi Nsanje, kudzera mwa ma DC. M'nthawi ya Geoffrey Colby, alimi a m'chigwa cha Shire ankalipitsidwa chindapusa akakana kulima mizere.

Komatu akuluakulu adati mlendo ndi mame. Pa 6 Julayi 1964 mphamvuzo zidachoka m'manja mwa Glyn Jones, Bwanamkubwa womaliza, n'kubwerera kwa eni dziko.