Mmene Nkhondo ya Mawu Inaumbira Masewera Oyamba a Pakompyuta

Nkhondo ya Mawu, yomwe inali mpikisano wa zida ndi ulamuliro pakati pa America ndi Soviet Union kuchokera pamene nkhondo yachiwiri ya padziko lonse inatha mpaka mu 1991, ndiyo inapereka makina, akatswiri ndi nkhani zimene masewera oyamba a pakompyuta anamerapo.

Mu 1958, William Higinbotham, yemwe anathandiza nawo kupanga bomba loyamba la nyukiliya ku Los Alamos, anakonza masewera a Tennis for Two ku labotale ya Brookhaven, pogwiritsa ntchito kompyuta yotha kuwerengetsa njira imene mzinga umadutsa ukaponyedwa. Soviet Union itatumiza m'mlengalenga Sputnik, setilaiti yoyamba, mu 1957, mpikisano unakwera kumwamba, ndipo mu 1962 Steve Russell ndi anzake a ku yunivesite ya MIT anatulutsa Spacewar!, mmene zombo ziwiri za m'mlengalenga zimaomberana.

Mantha a nyukiliya anaonekera poyera mu 1980, pamene kampani ya Atari inatulutsa Missile Command, yokonzedwa ndi Dave Theurer. Wosewera amateteza mizinda isanu ndi umodzi ku mizinga yogwa ngati mvula, koma liwiro lake limangokulirakulira mpaka mizinda yonse itapsa, kotero kuti palibe amene amapambana. Mfundo yomweyi inakhwima mu Balance of Power, imene Chris Crawford anatulutsa mu 1985, mmene wosewera amatsogolera America kapena Soviet Union ndipo amagonja pompo akalola mkangano kufika pa nkhondo ya nyukiliya.

Udani utayamba kuzirala, Tetris, imene Alexey Pajitnov anakonza ku Moscow mu 1984, inafalikira kumayiko a azungu ndipo inagulitsidwa limodzi ndi kachipangizo ka masewera ka Game Boy ka kampani ya Nintendo mu 1989.

Masewera ankhondo aja ankaonetsa nkhondo imene mayiko amphamvuwo ankaopa, osati nkhondo za mfuti wamba zimene mpikisano wawo unkakoleza kwina. Mwachitsanzo, ku Mozambique, nkhondo ya pakati pa boma la Frelimo, limene linkathandizidwa ndi Soviet Union, ndi gulu la Renamo inachitika kuyambira 1977 mpaka 1992, ndipo inathamangitsira anthu pafupifupi miliyoni imodzi ku Malawi. Ambiri anakhala m'boma la Nsanje, kuphatikizapo dera la Tengani, kumene mkangano wa mayiko akuluwo unadziwika kudzera m'misasa ya othawa kwawo.