Kugunda Katatu pa Kawiri: Phunziro la Oimba Ng'oma Lochokera kwa Aewe

Woimba ng'oma akadziwa kusunga liwiro limodzi, amakumana ndi phunziro lovuta kwambiri: kumva magundidwe awiri osiyana nthawi imodzi popanda kusokonezeka. Chitsanzo chodziwika cha luso limeneli ndi kaimbidwe ka Aewe, anthu opezeka ku Ghana, Togo ndi Benin.

Maziko ake

M'magule monga Agbadza, nyimbo imayenda mozungulira pa tizigawo 12 tofanana ta nthawi. Chotsogolera ndi belu lachitsulo la milomo iwiri lotchedwa gankogui, lomwe limagundidwa ka 7 pa ulendo uliwonse, motalikirana motere: 2, 2, 1, 2, 2, 2, 1. Ng'oma za sogo, kidi ndi kagan, pamodzi ndi chisekese chotchedwa axatse, zonse zimapeza malo ake pomvera belulo.

Chinsinsi chagona pa nambala ya 12, yomwe imagawika m'njira zingapo: magulu 4 a tizigawo 3, magulu 6 a tizigawo 2, kapena magulu 3 a tizigawo 4. Mapazi a ovina amatsata magulu 4, pamene ng'oma ina ikhoza kutsindika magulu 6. Magundidwe awiriwa amapatukana ndi kukumananso, koma liwiro silisintha.

Kaphunziridwe kake

Wophunzira amayamba ndi tizigawo 6 tokha. Dzanja lamanja limagunda pa 1, 3 ndi 5, lamanzere pa 1 ndi 4. Kumeneku ndiko kugunda katatu pa kawiri, ndipo manja amakumana pa 1 pokha.

Akazolowera, amapita pa tizigawo 12. Amaponda pansi pa 1, 4, 7 ndi 10, kwinaku akuwomba m'manja pa 1, 3, 5, 6, 8, 10 ndi 12 monga limachitira belu. Mapazi ndi manja zimakumana kawiri kokha, pa 1 ndi pa 10. Ambiri amapunthwa apa: mapazi amayamba kutsatira manja, ndipo pabwalo woimba wotere amasocheretsa anzake ndi ovina omwe. Mankhwala ake ndi kuchepetsa liwiro mpaka mapazi atamayenda okha.

Aphunzitsi a Chiewe sadalira manambala. Wophunzira amayamba watchula pakamwa mawu otsanzira kulira kwa ng'oma, kenaka n'kuwasamutsira kumanja.

Mbiri ya kafukufuku

Mmodzi mwa anthu oyamba kulemba mwatsatanetsatane za kaimbidweka ndi A. M. Jones, mmishonale wa Anglican amene anagwira ntchito zaka zambiri ku Mapanza, m'dziko lomwe lero ndi Zambia, komwe anafufuza ng'oma za Ababemba ndi Alala. Mu 1959 anatulutsa buku la Studies in African Music mothandizidwa ndi Desmond Tay, katswiri wa ng'oma wa Chiewe.

Bukuli linakopa Steve Reich, wopeka nyimbo wa ku America, amene mu 1970 anapita ku Ghana kukaphunzira kwa Gideon Alorwoyie. Atabwerera kwawo anapeka Drumming, yomwe anaimaliza mu 1971. Nyimboyi inamangidwanso pa tizigawo 12, ndipo ophunzira ng'oma m'masukulu ambiri a nyimbo amadziyesa nayo.