Kalata ya Mkaidi Isanasanduke Uthenga wa Pafoni

Ambiri amati utsizinamtole wa pafoni unabwera kuno ku Malawi ndi Airtel Money mu 2012 komanso TNM Mpamba chaka chotsatira. Koma ntchitoyi ndi yakale kuposa foni imene. Ku France, kumapeto kwa zaka za m'ma 1700, akaidi ankalembera makalata anthu olemera a m'madera akutali. Eugène François Vidocq, yemwe anakhalapo m'ndende asanadzakhale mkulu wa apolisi ofufuza milandu ku Paris, anafotokoza mmene ankachitira. Wolemba ankadzitcha wantchito wa bwana wina amene anathawa chipwirikiti cha m'dzikomo, n'kunena kuti anakwirira bokosi la golide penapake asanagwidwe. Mukangomutumizira kandalama pang'ono koti atulukire, chumacho mugawana. Patatha zaka pafupifupi 100, nkhani yomweyo inkafika ku Britain ndi ku America m'dzina la mkaidi wa ku Spain. Fupa lake silinasinthe mpaka lero: perekani zochepa tsopano, zambiri zili m'njira, koma musauze munthu ndipo fulumirani.

A ku Nigeria anangoitola n'kuiveka jekete. Mitengo ya mafuta itagwa m'zaka za m'ma 1980, achinyamata ophunzira koma osowa ntchito anayamba kutumiza makalata kunja, kenako fakisi, kenako imelo, onena za mamiliyoni a boma ofuna akaunti yobisamo. Chinyengochi chinatchuka ndi dzina loti 419, nambala ya gawo la malamulo a dzikolo loletsa kupeza chuma mwabodza. Pakati pa 1995 ndi 1998, Emmanuel Nwude ndi anzake anagulitsa ntchito yomanga bwalo la ndege losakhalapo ku Abuja kwa mkulu wina wa banki ya Banco Noroeste ya ku Brazil, ndipo madola 242 miliyoni anapita. Nwude anapezeka wolakwa mu 2005, boma litakhazikitsa bungwe la EFCC lolimbana ndi milandu ya zachuma.

Nkhani ya banki imeneyi ikuyankha amene amanena kuti opusitsidwa ndi anthu osapita kusukulu. Amene anasaina ndalamazo ankawerenga manambala tsiku lililonse. Ena amati ndi dyera basi, wosasirira sangaberedwe. Pa makalata akale aja mawuwa ali ndi mutu, koma taonani mauthenga amene amalowa m'mafoni athu. Wina akuti ndalama ija mutumize pa nambala iyi, podziwa kuti mwa anthu chikwi alipo mmodzi amene akukonzekadi kutumizira m'bale wake kobiri la fetereza. Wina akuimba ngati mphunzitsi, akuti mwana wanu wakomoka kusukulu, galimoto yopita naye kuchipatala ikufuna mafuta. Mayi amene akuthamangira kwa ejenti atangofunda chitenje sakusirira kanthu. Wakuba wagwira pa mantha ndi chikondi, ndipo chimene akum'mana mayiyo ndi nthawi yofunsa.

Kunena kuti zipangizo zatsopano sizinasinthe kanthu kungakhale kunama. Kalata inkafuna sitampa ndi milungu yodikira. Uthenga umafika kwa anthu ambirimbiri ndi mayunitsi ochepa, ndipo ndalama imatapidwa mphika wa nsima usanapse. N'chifukwa chake bungwe loyang'anira za mafoni la MACRA linalamula mu 2018 kuti nambala iliyonse ilembetsedwe ndi chiphaso cha unzika. Zinali zoyenera, koma akamberembere anaphunzira kulembetsa ndi ziphaso za eni ake, ndipo apolisi akhala akunena kuti mafoni ena oterewa amaimbidwa kuchokera m'ndende, monga zinalili ku France kuja. Lamulo limathamangitsa chipangizo, pomwe chinyengo chimakhala m'nkhani yofulumizitsa munthu.

Choncho akakuimbirani kuti mwapambana mpikisano umene simunalowe, kapena kuti mwana wadwala, dulani foniyo muimbire nokha nambala imene mukuidziwa kale. Nambala yanu yachinsinsi musapatse aliyense, ngakhale atadzitchula kuti ndi wa kukampani ya foni.