Golide wa kwa Mpezeni

Masukulu atatseka mu Ogasiti ndinakwera basi kucoka ku Lusaka kupita kumudzi kwathu kwa Pembamoyo. Ife tinakula tikudziwa kuti ndife a ku Chadiza, ngakhale kuti kuyambira 2012 dera lathu linalowa m'boma latsopano la Vubwi. Usiku woyamba msuweni wanga anandikokera kuseri kwa nkhokwe namasula kapulasitiki. Munali tinthu tacikasu tocepa kuposa njere za mawere.

"Aticha," anatero monong'ona, "sabata ikandikomera ndimapeza zoposa zomwe inu mulandira pa mwezi."

Ndinaseka naye, koma mtima unali myuu. Ndimaphunzitsa mbiri yakale, ndipo golide wa kum'mawa kuno ndimamudziwa. Anaphetsapo anthu mu 1898.

Tiyambe ndi Angoni. Anawoloka Zambezi mu 1835 ndi Zwangendaba, ndipo ca m'ma 1870 mwana wake Mpezeni anakhazikika kufupi ndi Chipata ya lero. Cuma ca Angoni cinali ng'ombe ndi anthu, ndipo zonsezi ankazitenga ndi mkondo kwa Acewa ndi Ansenga. Anzanga acingoni musandikwiyire. Ndine Mcewa, ndipo sindingakunamizeni kuti azungu asanabwere kuno kunali mtendere wokhawokha.

Kenaka kunafika Mjeremani wa malonda a minyanga ya njovu, Carl Wiese. Anapalana ubwenzi ndi Mpezeni, ndipo mu 1891 anatenga pepala lonena kuti mfumu yamulola kufufuza miyala m'dziko lake. Nthawi imeneyo azungu anali atapenga ndi golide. Mu 1886 anamupeza wambiri pamene pali Johannesburg lero, ndipo Cecil Rhodes ndi kampani yake ya British South Africa Company ankakhulupirira kuti kumpoto kuli wina wotero. Ku Mashonaland sanapeze zomwe ankayembekeza. Mphekesera za kwa Mpezeni zinawagwira mtima, makamaka poti Apwitikizi anali atakumbapo golide kale ku Missale, tsidya la malire ku Mozambique.

Pepala la Wiese linayenda m'manja mpaka ku London, ndipo mu 1895 kunabadwa North Charterland Exploration Company. Kampani ya Rhodes inaipatsa malo okwana masikweya mailosi 10,000, kucokera ku malire a Malawi ya lero mpaka ca ku Petauke. Tangoganizani inu a m'komboni: mukugona m'nyumba mwanu, kwinakwake munthu amene sanapondepo pakhomo panu wagulitsa puloti yanu, ndipo ogulawo akugawana kale phindu lake.

Ofufuza miyala atayamba kuyendayenda ndi kumanga malinga, Mpezeni, yemwe anali atakalamba, anafuna kuwapirira. Mwana wake Nsingo, mtsogoleri wa ankhondo acinyamata, anaona kuti dziko likupita. Mu Disembala 1897 Wiese anatumiza uthenga wakuti Angoni amuzinga ku Luangeni. Mu Januwale 1898 asilikali anabwera kucoka ku Nyasaland, ambiri a iwo anthu akuda anzathu olamulidwa ndi Angerezi, atanyamula mfuti za Maxim ndi mizinga. Cishango ca cikopa sicingatseke cipolopolo. M'masabata ocepa cabe nkhondo inatha, midzi itapsa. Nsingo anagwidwa naomberedwa mu Febuluwale. Mpezeni anadzipereka, anamutengera ku Fort Manning, komwe ndi Mchinji lero, ndipo atabwerera kwawo anamwalira mu 1900. Nc'wala inaleka kucitika mpaka mu 1980.

Ndikafika apa m'kalasi, pamakhala mwana mmodzi wofunsa kuti, "Nanga golideyo anapeza wocuruka bwanji?" Yankho limawakhumudwitsa. Mgodi waukulu umene anthu a ku London analonjezedwa sunapezeke. Anthu anafera cuma ca m'makutu.

Koma opambana sanabwerere cimanjamanja. Analanda ng'ombe pafupifupi 12,000. Mliri wa ng'ombe wa 1896 unali utapululutsa makola ku Southern Rhodesia, motero ng'ombe inali pa mtengo. Ng'ombe zitatha, panatsala nthaka. Kampani inayamba kugulitsa mafamu kwa azungu olima fodya kuzungulira Fort Jameson, dzina lakale la Chipata. Kumapeto kwa zaka za m'ma 1920 boma linadula malo ochedwa marizevu, ndipo Acewa, Angoni ndi Ansenga anasamutsidwa kukapanikizana m'menemo. Apa ndi pamene ine pamandiwawa kwambiri, kuposa pa nkhondo penipeni. M'marizevu anthu analima munda umodzimodzi caka ndi caka mpaka nthaka inaguga, pomwe tsidya lina malo a kampani anangokhala thengo, cifukwa mtengo wa fodya unagwa ndipo azungu amene ankayembekezeka sanabwere. Amuna anathawira ku nchito za ku Southern Rhodesia kukafuna ndalama ya msonkho. Zinafika poipa mwakuti mu 1941 boma la atsamunda lomwelo linagula malo ambiri a kampaniyo kuti libwezeremo anthu.

Mabuku ena amakamba za kusowa kwa malo ngati kuti ndi cilala cogwa kumwamba. Kwathu kuno malo anasowa cifukwa wina anajambula mzere pa mapu.

Njala yeniyeni nayo inatibweretserapo mfuti. Kumapeto kwa zaka za m'ma 1980, nkhondo ya ku Mozambique itatha minda ya kumeneko, zigawenga za Renamo zinkadumpha malire kudzalanda cimanga, ziweto ndi anthu onyamula katundu m'midzi ya Chadiza. Amayi amandiuza kuti anagonapo m'thengo ali ndi pakati panga.

Tsono lero golide uja waoneka, wocepa, wa m'mitsinje ndi m'maenje okumba ndi piki. Mmawa mwake msuweni ananditengera kudzenje lake. Lili pamene panali dimba la agogo. Acinyamata anayi anali kusefa matope m'mabeseni, wina wa msinkhu wa ana anga a Giredi 9. Pambali pa dzenje panali mphasa, bulangeti ndi zikwanje ziwiri. Ndinafunsa za zikwanjezo.

"Timagona pompano," anatero. "Ukacoka usiku umodzi, mmawa upeza ena alowamo."

Ndinafunsanso ngati ali ndi pepala la boma lomulola kukumba. Iye anaseka nati mapepala ndi a anthu a m'tauni. Kenaka anakumbukira kuti mwezi wathawo kunabwera galimoto ndi anthu atatu ovala bwino. Anayenda m'mbali mwa mtsinje ndi kamakina m'manja, analemba zinthu m'buku, sanalankhule ndi munthu aliyense, napita.