Za Cimanga ca m'Mabotolo

Ife tisunga cimanga cathu couma m'nkhokwe, koma anthu a ku Amereka anafuna kudya caciwisi ngakhale m'nyengo ya cisanu. Nzeru yace inacokera ku France, kumene Nicolas Appert analemba buku m'caka ca 1810, naonetsa kuti cakudya cotsekeredwa m'botolo ndi kuwiritsidwa m'madzi cikhala nthawi yaitali. Ndipo mu 1858 John Mason wa ku Amereka anapanga botolo limene amai anakhoza kutseka okha kunyumba.

Koma cimanga cinawabvuta, pakuti cinaola cingakhale cinawiritsidwa. Ndipo zakudya zina za m'mabotolo zinapha ozidya. Mu 1897 Emile van Ermengem wa ku Belgium analongosola za kacirombo kosaoneka kobala ululu umenewo. Tsopano tidziwa kuti mbeu zace sizifa m'madzi owira, koma siziphuka m'cakudya cowawasa.

Asanadziwe izi, amai anazolowera kale kuphika cimanga caciwisi pamodzi ndi vinyo wosasa, shuga, mcere, anyezi ndi tsabola, nacitsekera m'mabotolo. Taonani, vinyo wosasayo sali wokometsera cabe, ndiye mlonda wa cakudyaco. Iye wocepetsa muyeso wace aika banja lace pangozi.