Ansembe a ku Goa, mfumu Akbar ndi kalata yonena za nyanja yathu

Munthu akachoka ku Area 12 kutsikira ku Old Town, n'kuwoloka mlatho wa Lilongwe, amapeza mzikiti waukulu ndi masitolo a amwenye ku Area 2. Pobwerera akadzera msewu wa M1, amadutsa tchalitchi cha Akatolika cha Maula. Ambirife timaziona ngati mbiri ziwiri zosakhudzana: amwenye anadza ndi malonda nthawi ya atsamunda, ansembe anadza ndi mtanda kuchokera ku Ulaya. Komatu zaka 400 zapitazo, ansembe amene analemba za mafumu a Amaravi ankalandira malamulo kuchokera ku Goa, m'dziko la India. Akuluakulu omwewo ndi amenenso ankatumiza ansembe kubwalo la mafumu a banja la Mughal.

Ansembewo anali Ajezuiti, chipani chimene anayambitsa Ignatius wa ku Loyola ndi anzake, ndipo Papa Paul III anachivomereza mu 1540. Chaka chotsatira Francis Xavier ananyamuka ku Lisbon, nakhala miyezi ingapo pa chilumba cha Mozambique kudikira mphepo, nafika ku Goa mu May 1542. Mzindawu Apwitikizi anali ataulanda mu 1510, ndipo madera awo onse a m'mbali mwa Zambezi ankayendetsedwa kuchokera kumeneko mpaka 1752. Ajezuiti a nthawiyo anali ndi ganizo limodzi lalikulu: ukakopa mfumu, anthu ake atsatira okha.

Ganizoli anayamba kuliyesa kuno ku Africa asanaliyese kwa a Mughal. Gonçalo da Silveira, yemwe anali atatsogolerapo Ajezuiti onse a ku India, anakwera Zambezi mu 1560, kudutsa Sena ndi Tete, mpaka kwa mfumu ya dziko la Mutapa, Negomo Mupunzagutu. Zinthu zinayenda mofulumira kwambiri. Pasanathe mwezi mfumu yachinyamatayo inabatizidwa pamodzi ndi amayi ake ndi anthu ena pafupifupi 300. Amalonda achisilamu, poona kuti msika wa golide uwapulumuka, anauza mfumuyo kuti mlendoyu ndi kazitape wa Apwitikizi komanso mfiti. Mu March 1561 Silveira ananyongedwa ndi chingwe, mtembo wake n'kuponyedwa mu mtsinje wa Musengezi. Imfayi inapatsa Apwitikizi poyambira nkhondo: Francisco Barreto anabwera ndi asilikali, napha amalonda achisilamu ku Sena, iyenso nafera komweko mu 1573 malungo atamaliza ambiri mwa anthu ake.

Ku India nkhani inayenda mwina. Ufumu wa Mughal anauyamba Babur, amene anagonjetsa Ibrahim Lodi pa nkhondo ya ku Panipat mu 1526. Mdzukulu wake Akbar analowa ufumu mu 1556 ali ndi zaka 13. Anali Msilamu wolamulira dziko limene anthu ake ambiri anali Ahindu, ndipo mu 1564 anathetsa msonkho umene osakhala Asilamu ankakhoma. Kuwerenga sankadziwa, koma ankauza anthu kuti azimuwerengera mabuku tsiku ndi tsiku. Mu 1575 anamanga nyumba yokambiranamo za chipembedzo, Ibadat Khana, mu mzinda wake watsopano wa Fatehpur Sikri. Lachinayi usiku mashehe ankasonkhana mmenemo kuchita mtsutso, kenaka anatsegulira khomo Ahindu, Ajaini ndi Aparsi. Paja amati mlendo amabwera ndi kalumo kakuthwa: Akbar anatumiza uthenga ku Goa kuti amubweretsere ansembe awiri ophunzira pamodzi ndi mabuku awo.

Anapita atatu, nafika mu February 1580: Rodolfo Acquaviva wa ku Italy, Antonio Monserrate wa ku Catalonia, ndi Francisco Henriques, Mkhristu wobadwira ku Ormuz amene ankamasulira m'Chiperezi. Anapereka mphatso ya Baibulo la mabuku angapo akuluakulu, losindikizidwa ku Antwerp m'zinenero zingapo. Akbar analipsompsona ndi kuliika pamutu. Anawapatsa pogona pafupi ndi nyumba yake, napereka mwana wake Murad kwa Monserrate kuti amuphunzitse, ndipo mu 1581 anatenga wansembeyo pa ulendo wa nkhondo wopita ku Kabul. Ansembe anaona ngati ubatizo wayandikira.

Sunabwere. Akbar ankafunsa kuti Mulungu mmodzi angakhale bwanji atatu, ndi kuti Mulungu angabadwe bwanji mwa mkazi. Nkhani yosiya akazi ake onse n'kutsala ndi mmodzi inalinso yosatheka, poti maukwati akewo ndi amene ankamanga ubale ndi mafumu a Rajput. Nawonso ansembe, makamaka Acquaviva, ankalankhula mopyola muyeso za Chisilamu pamaso pa mashehe, mpaka mfumu inawachenjeza kuti asamale lilime. Chimene chimandigwira mtima n'chakuti sanawathamangitse, sanawamange, ndipo anawateteza kwa amene ankafuna kuwapweteka. Acquaviva anabwerera ku Goa mu 1583 ali wamoyo. Anakaphedwa chaka chomwecho ku Cuncolim, m'dera la Apwitikizi, kumene anthu anali atakwiya ndi kugwetsedwa kwa akachisi awo.

Ulendo wachiwiri wa ansembe kwa Akbar, wa mu 1591, sunakhalitse. Wachitatu, wa mu 1595, ndi umene unazika mizu. Anautsogolera Jerome Xavier, wachibale wa Francis Xavier, amene anaphunzira Chiperezi mokwanira mpaka kulembera Akbar mbiri ya moyo wa Yesu mu 1602. Akatswiri ojambula a kunyumba yachifumu anayamba kujambula Maria ndi Yesu, amene Asilamu nawonso amawalemekeza. Ku Lahore ndi ku Agra kunamangidwa matchalitchi ndi chilolezo cha mfumu. Akbar anamwalira mu 1605 osabatizidwa. Mwana wake Jahangir analola kuti ana atatu a mbale wake abatizidwe mu 1610, koma patapita zaka zochepa anabwerera ku Chisilamu. Shah Jahan, womanga Taj Mahal uja, anamenyana ndi Apwitikizi ku Hugli mu 1632, nagwetsa tchalitchi cha ku Agra, ngakhale pambuyo pake analola kuti chimangidwenso.

Chaka cha 1624 n'chimene chimatilumikiza ife ndi nkhaniyi. Chaka chimenecho António de Andrade ananyamuka ku Agra, nakwera mapiri a Himalaya mpaka kulowa ku Tibet. Chaka chomwecho wansembe mnzake, Luís Mariano, ali ku Sena, analembera akuluakulu a ku Goa za nyanja yaikulu ya kumpoto kwa Zambezi ndi za Muzura, mfumu yamphamvu ya Amaravi imene ambiri amaiwerenga pakati pa a Kalonga. Ankaganiza kuti nyanjayo ingakhale njira yokafikira ku Ethiopia. David Livingstone anadzaiona nyanjayi mu 1859, patatha zaka 235. Mu 1667 Mjezuiti wina, Manuel Barreto, analemba kuti ufumu wa Kalonga unkafika mpaka kugombe la nyanja yamchere. Zolemba zotere ndi zimene akatswiri a mbiri amaziika pambali pa nthano za makolo pofuna kudziwa nthawi imene mafumu athu analamulira. Ndipo nsalu zimene Amaravi ankasinthanitsa ndi minyanga ya njovu zinali zochokera ku India komweko.

Mapeto a mbali zonse ziwiri anali owawa. Mu 1759 nduna yaikulu ya Portugal, Pombal, inathamangitsa Ajezuiti m'madera onse a Apwitikizi, kuphatikizapo Zambezi ndi Goa, ndipo mu 1773 Papa Clement XIV anathetsa chipanicho. Chinadzukanso mu 1814. Ufumu wa Mughal sunadzukenso: unafooka Aurangzeb atamwalira mu 1707, ndipo Angelezi atagonjetsa kuwukira kwa mu 1857 anapititsa mfumu yomaliza, Bahadur Shah Zafar, ku Rangoon, kumene inafera mu 1862.

Chikatolika chitadzakhazikika m'Malawi, anachibweretsa ndi ena: a Montfort ku Nzama mu 1901, a White Fathers ku Mua mu 1902 ndi ku Likuni mu 1903. Ajezuiti anabwerera ku Boroma pafupi ndi Tete, nafika ku Lifidzi ku Angonia, ku Chikuni ndi ku Kasisi m'dziko la Zambia. Kuno ku Malawi anabwera mochedwa, ndipo sanafunenso mabwalo a mafumu. Lero muwapeza akuphunzitsa ana a othawa kwawo ku Dzaleka m'boma la Dowa, ndi ku Loyola Jesuit Secondary School ku Kasungu, imene inatsegulidwa mu 2015.

Ine ndikuona kuti ganizo lokopa mfumu linalephera konsekonse: kwa Mutapa linabala magazi, kwa Akbar silinabale ubatizo. Koma Akbar anachita chinthu chovuta kuposa kutembenuka: anamvetsera anthu otsutsa chipembedzo chake kwa zaka zambiri, iye osasiya chake, iwonso osawakakamiza kusiya chawo. Aphunzitsi a mbiri m'sukulu za sekondale, mukamaphunzitsa za Kalonga Muzura, muziwauzako ana za Goa ndi za Akbar, chifukwa zinachitika m'nyengo imodzi ndipo anazilemba ndi ansembe a chipani chimodzi.