David Maysles, Wojambula Mawu

Anzanga amene tinaphunzira limodzi, tikamaonera kanema timatama wogwira kamera. Ine ndikufuna tikumbukire wojambula mawu.

David Maysles anabadwira ku Boston mu 1931. Mkulu wake Albert ankanyamula kamera, iye n'kumanyamula tepi rekoda ndi maikolofoni. Awiriwa ankapanga mafilimu a zochitika zenizeni. Mu filimu ya Salesman ya mu 1969, analondola amuna ogulitsa Mabaibulo khomo ndi khomo. Munalibe wofotokoza nkhani, choncho zonse zinadalira zimene David anatola: kunyengerera kwa wogulitsa, kukana kwa eni nyumba, ngakhalenso kukhala chete kwa munthu amene malonda amukanika. Akanaphonya mawu, panalibe kubwereza.

Anamwalira mu 1987, koma mawu a anthu amenewo tikuwamvabe.